Malata Khumi ndi Awili

Nyumba ya amai ku Minga ndi yotalika mamita asanu ndi anayi. Lata limodzi m'lifupi ndi magawo atatu mwa anayi a mita. Ndinalemba pa katoni, ndinagawa, ndinabweleza kawili: malata khumi ndi awili. Masamu amenewa ndinaphunzila ndekha m'buku la mlongo wanga Christabel nditasiyila sukulu giledi seveni, ndipo sindinkafuna wondiuza.

Tsono aDaka, mmisili amene amai anamuitana kudzakhoma denga mvula isanayambe, anati pafunika khumi ndi anayi. Ndinapsa mtima. Chimwalilile atate, anthu azolowela kuwadyela amai masuku pamutu. Ndinawafunsa aDaka, anthu opita kuchigayo akumva, ngati awili enawo ndi okafolela khola la nkhumba zawo.

ADaka sanakweze mawu. "Josphat mwana wanga, unakwelapo padenga?"

Ndinawaonetsa katoni. Anaiyang'ana, anamanga sowo ndi nyundo panjinga, napita.

Ndinakagula khumi ndi awili ku Petauke, ndikukwela padenga ndekha. Pa lata lachiwili m'pamene ndinaona. Kuti madzi asalowe, lata limagona pa linzake, ndiye lililonse limabisa m'mphepete mwa linzake. Chooneka ndi magawo awili mwa atatu a mita basi. Buku silinanene zimenezo. Ndinapitiliza kukhoma ngati kuti misomali ingatalikitse chitsulo.

Malata anathela pa mamita asanu ndi atatu. Mita yathunthu inatsala yoyasama, pamwamba penipeni pa bedi la amai, uku mitambo ikuda cha ku Nyimba.

Christabel anaima m'chipindamo nayang'ana kumwamba. "Aphunzitsi, apa ndiye pawindo?"

Amai anangoyamba kukoka matilesi.

Ndinawapeza aDaka akupala chitseko kwawo. Ndinakhala pansi pafumbi, ndikuti pepani bambo. Sanandinyoze, ndipo zimenezo zinawawa kuposa mbama. Anati alandila kale nchito ina ku Nyimba, abwela pakatha masabata awili. Kenaka analowa m'nyumba, natuluka ndi tenti yakale yofundila chimanga.

"Ukaimange zolimba kumbali ya mphepo. Usakhomele msomali, ndiifunanso."

Mvula inagwa Lachinayi masana. Tenti inagwila pang'ono, kenaka inayamba kudontha pakati. Amai anabweletsa beseni, nandipempha mwaulemu kuti ndisunthe phazi aike pamenepo.