Chifuwa cha Ababa

Zaka makumi awiri ndi ziwiri munthu ali m'chipinda chopanda zenera, makoma omata masiponji, mahedifoni kumutu ngati anabadwa nawo. Ntchito ya mkonzi wa mawu inali imeneyo: filimu ikajambulidwa, iye azichotsamo zinyalala. Kutsokomola, kulira kwa mpando, galu wouwa patali. Dzanja linazolowera moti linkadula lokha, mwini wake akuyasamula. Ntchitoyi inamukwana, kunena zoona, koma nanga akanalowera kuti?

Lachiwiri lina mlongo wake anabwera ndi kamemori khadi. Munali mawu a bambo awo, omwe anamwalira miyezi itatu m'mbuyomo. Anawajambula pa foni akucheza pabalaza, mphindi zisanu ndi zinayi basi, ndipo foniyo inafa kalekale. Anangopempha kuti awakweze pang'ono, ana azimva agogo awo.

Mkonzi anaigwira ntchitoyo pakati pa zina, wotsogolera filimu akumuimbiraimbira za gawo lomwe linachedwa. Mawu anawakwezadi. Kenako dzanja lija linayamba zake: linadula, linasalaza, linasunga pamwamba pa fayilo yoyamba pakhadi pomwepo, yoyambayo n'kufufutika, n'kutseka. Munthu yemwe ankalalatira anzake tsiku ndi tsiku kuti asamagwire fayilo asanakopere pena!

Lachisanu mlongo uja anavala mahedifoni n'kumvera mpaka kumapeto. Mawu anali oyera ngati a pawailesi.

"Achimwene, ababa ali kuti umu?"

Anamuuza kuti ndi omwewo. Mlongoyo anapukusa mutu. Anamukumbutsa kuti ababa sankayamba kulankhula asanatsokomole kawiri, ndipo supuni yawo inkangogogoda kapu nkhani yonse.

"Ine ndimafuna chifuwa chija," anatero, n'kuika mahedifoni patebulo mwaulemu. Ulemuwo ndi umene unamupweteka kwambiri.

Atachoka, mkonzi anafufuza m'kompyuta monse, koma madzi akatayika sawoleka. Anatsegula nkhokwe yake ya mawu, momwe ankasungamo kutsokomola kwa anthu makumi anayi: nkhalamba, osuta fodya, odwala. Anamvera mmodzimmodzi kufuna chofanana ndi cha ababa, koma zifuwa zonsezo zinali za eni ake.

Foni inalira. Wotsogolera ankafunsa ngati wamaliza kuchotsa chifuwa cha nkhalamba ya m'gawo lachitatu, poti chikusokoneza.

Mkonzi anayang'ana kakhadi kaja patebulo.

"Chisiyeni chikhale, bwana," anatero. "Nkhalambayo ili ndi ana."