Kalata Imene Pokuaa Anakulungira Mtedza

Lachitatu m'mawa, Ntim anafika pakhomo pathu ku Konongo atanyamula pepala la khoti. Pepalalo linkati mwana wake Konadu, mtsikana wa zaka zisanu ndi chimodzi, azikhala ndi iye kuyambira Loweruka.

Chitseko changa chimayang'anana ndi cha Pokuaa, mayi wa mwanayo. Ndinamuona akuwerenga pepalalo kawiri, kenako n'kukhala pansi pafupi ndi mbaula imene amawotcherapo nthochi zogulitsa. Nthochi zinapserera iye akuziyang'ana.

Banja lawo linali litatha miyezi inayi m'mbuyomo. Abale a Pokuaa anabweza mowa umene Ntim anapereka pofunsira, akuluakulu n'kunena kuti nkhani yatha. Kwathu kuno mwana ndi wa mtundu wa mayi ake. Choncho itabwera kalata yomuitana kukhoti, kumene Ntim anakasuma kuti akufuna mwana, Pokuaa anakaionetsa kwa amalume ake a Gyamfi, munthu amene chibadwire sananenepo kuti "sindikudziwa".

"Khoti? Khotilo ndi limene linamva kuwawa pobereka?" anatero a Gyamfi. "Mwana uyu ndi magazi athu. Usadzivutitse."

Pokuaa anakulungira mtedza wa kasitomala m'kalatayo. Ine ndinaseka nawo, ndipo mpaka lero ndimachita manyazi. Tsiku la mlandu Ntim analankhula yekha, khoti n'kugamula.

Madzulo a Lachitatulo a Gyamfi anabwera ndi nzeru ina. "Longedza zovala za mwana. Mawa ndikamusiya kumudzi kwa azakhali ako. Tione ngati pepala lili ndi miyendo."

Mayi Boakyewaa, a chipinda chakumapeto, ankasenda chinangwa chapafupi. Anagwira ntchito zaka zambiri ku ofesi yosamalira ana asanapume. Anaika mpeni pansi.

"A Gyamfi, nzeru yanu yoyamba yatifikitsa pano. Yachiwiriyi mukufuna itifikitse kupolisi?"

Anakhala pambali pa Pokuaa n'kumugwira dzanja. "Mwana wanga, ukamubisa Konadu waphwanya lamulo la khoti. Angakumange, ndipo woweruza sadzakukhulupiriranso. Koma chigamulo ichi si mapeto. Sunamvedwe. Uli ndi ufulu wopempha khoti lomwelo kuti lichichotse, limve mbali yako. Likakana, pali khoti lalikulu lochitako apilo. Kungoti masiku ake ndi owerengeka, usagonepo."

"Loya ndimupeza kuti ine, mayi?"

"Kuli ofesi ya boma yothandiza anthu osauka pa milandu. Mawa tipitira limodzi."

"Nanga Loweruka?"

Mayi Boakyewaa sanazungulire. "Loweruka umupereke."

Pokuaa analira mpaka ine ndinalowa m'nyumba kukalirira kwanga.

M'mawa mwake anapitadi. Loya wamkazi anawalembera pempho, ndipo anauza Pokuaa kuti anene zoona zokhazokha: kalata anailandira, koma sanamvetse kulemera kwake. Anamuuzanso kuti asonkhanitse buku la kuchipatala la mwana ndi malipoti a kusukulu.

Loweruka linafika. Pokuaa anamusambitsa Konadu, n'kugwada kuti maso awo alingane.

"Amayi, ndalakwa chiyani?"

"Palibe, mayi wanga. Ukupita kwa bambo ako, ndipo amakukonda. Ine ndikupita kukalankhula ndi akuluakulu a khoti. Sindikukutaya, wamva?"

Ntim anaima pageti akuyang'ana pansi. Sanali munthu woipa. Ankangoopa kuti abale a mkazi wake amuiwalitsa mwanayo kuti ali ndi bambo, ndipo kunena chilungamo, a Gyamfi anali atayamba kale.

Patapita milungu itatu khoti linawaitana. Ulendo uno Pokuaa anafika zitseko zisanatsegulidwe. Woweruza anamudzudzula chifukwa chonyozera kalata, koma anaona kuti anamvera chigamulo ngakhale chinamupweteka. Anavomera kumvanso mlandu, ndipo anatuma mayi wina wa ku ofesi yosamalira ana kuti akaone makomo onse awiri.

Mayiyo anabwera kwathu, anaona pogona mwana, anafunsa aphunzitsi, anatifunsa ifenso. Kwa Ntim anapeza nyumba yabwino, koma Ntim amayendetsa lole yonyamula mbewu ya koko ndipo amatha masiku anayi ali pamsewu. Anachezanso ndi Konadu payekha. Mwanayo anangoti, "Ndikufuna amayi, koma bambo asalire."

Mawu amenewo atawerengedwa m'khoti, Ntim anaphimba nkhope ndi chipewa. Woweruza anafotokoza kuti khoti siliyang'ana kuti mwana ndi wa mtundu uti, koma chimene chingamukomere mwanayo. Anagamula kuti Konadu azikhala ndi mayi ake masiku a sukulu, azipita kwa bambo ake pa tchuthi ndi kumapeto kwa mlungu Ntim akakhalapo, ndipo pasapezeke wachibale wotsekereza.

Ntim mwiniwake anamubweretsa Konadu, atamunyamulira chikwama. Tsitsi la mwanayo linali lomangidwa mfundo zitatu zopenya kosiyanasiyana.

"Ntim, ichi n'chiyani pamutu pa mwana wanga?"

"Ndinayesetsatu, mayi a Konadu."

Pokuaa anaseka misozi ikutsika. "Khalani pampando apo, muone mmene amalukira. Pa tchuthi mudzamuluka nokha."

Anzanga, kalata ya khoti ikafika musainyozere, ngakhale mwambo utakhala kumbali yanu. Chigamulo chikakupwetekani musabise mwana, ndipo musathawe naye. Chimvereni, funani thandizo msanga, mukachitsutse kukhoti komweko. Pokuaa anamupereka mwana wake ndi manja ake awiri, ndipo n'chifukwa chake lero akudzuka naye m'nyumba imodzi.