Ntchito ya Brodie ya Loweruka

Lachisanu ndinachapa zovala za mwana wathu Tilly, ndinakolopa, ndinawaza nkhuni, ndinakagula mkaka, kenako ndinapisa m'matumba a thalauza la Brodie, mwamuna wanga, ndisanaliviike. Ndinapezamo kapepala kopukutira pakamwa kolembedwa dzina la nyumba yodyera yakalekale ija ya pamlatho, pamsewu wa ku Hobart. Munthu amene amati Loweruka lililonse amakhala kumakina ochekera matabwa akakatani kumalo kumene supu yekha ndi madola 18?

Sindinamufunse. Lamlungu ndinangoti, "Vala, timutenge Tilly tikadye pamlatho."

"Kumeneko n'kwa alendo ojambula zithunzi," anatero, maso ali pansi.

"Lero alendowo ndife."

Nyumbayo inamangidwa ndi akaidi kalekale, khomo lake n'lalifupi. Ine ndinagunda mutu. Brodie, wamtali kundiposa, anawerama osayang'ana n'komwe. Ndinazisunga mumtima.

Kunabwera mtsikana woperekera zakudya, atavala chidiresi chamakedzana ndi kachipewa koyera, pachifuwa palembedwa Merrin. Asanatifunse kanthu anaika mowa wakuda patsogolo pa Brodie.

"Mwadziwa bwanji zimene amamwa?" ndinafunsa.

"Aa, mayi, ameneyu samudziwa ndani? Dzulo anagwa ndi unyolo wake pamasitepe, agogo ena mpaka misozi ndi kuseka."

"Unyolo?"

Merrin anayang'ana Brodie n'kuthawira kukhitchini.

Brodie anandilozera chithunzi pakhoma pafupi ndi moto: mwamuna atavala zachikasu ndi zakuda za akaidi akale, unyolo kumiyendo, ana asukulu atamuzungulira. Nkhopeyo ndimaidziwa.

"Kumatabwa anatichotsa mu Meyi," anatero. "Pano ndimasewera mkaidi kanayi pa sabata. Masiku ena ndimatsuka mbale."

"Ndiye miyezi iwiri yonseyi ndikukulongedzera chakudya cha kumatabwa?"

"Ndimadya ndithu. Kuseri uko, unyolo uli kumiyendo."

"Ukanandiuza ukanafa?"

"Ndimaopa undiseka."

"Nanga Merrin?"

"Amangosunga kiyi wa unyolo."

Ndinamuyang'anitsitsa nthawi yaitali. Brodie akamanama makutu amafiira, koma sanafiire. Komabe ndinamuuza kuti Loweruka ndibwera ndi Tilly, ndidzaone ndekha mmene kiyiyo amatsegulira.

Supu wa anthu awiri madola 36, mowa 11, tchipisi cha Tilly 9. Anatichotserako 14 poti ndi wantchito. Petulo 8. Zonse pamodzi madola 50.