Ndinazimitsa Ukwati wa Mlongo Wanga

Amayi anandikwiyira sabata yonse. "Mlongo wako akukwatira, iwe uli kuntchito? Bambo a mkwatibwi ali m'chipatala, akupumira makina, ndiye nawenso usowe? Magetsiwo ndi amuna ako?"

Ndimagwira ntchito m'chipinda chomwe timagawira magetsi a dziko lonse. Pakhoma pali chikanema choonetsa nthambo zonse, kuphatikizapo zotilumikiza ndi maiko oyandikana nafe. Timabwerekana magetsi ngati mchere, koma kuipa kwake, mnzako akagwa amakukokera pansi.

Masana a ukwatiwo belu lochenjeza linalira kuntchito kwathu. Kwa anzathu akumpoto chimphepo chinagwetsa nsanja ya nthambo, magetsi omwe amatipatsa n'kuduka. Makina athu anatsala okha kusenza katundu yense, ndipo nambala yoonetsa mphamvu yawo inayamba kutsika. Ikatsikitsa, makina amadzizimitsa kuti asapse, dziko lonse bii, ndi zipatala zomwe, mpaka mawa kapena mkuja.

"Tulani katundu, asisi!" anakuwa Wamtali, mnzanga wapadesiki. "Dulani dera lalikulu, msanga!"

Dera lalikulu lopanda chipatala linali limodzi lokha, ndipo holo ya ukwati inali momwemo. Mayo ine! Ndinaona nkhope ya Amayi m'maganizo, ndinaluma mano, n'kudina batani lodulira deralo.

Nambala ija inaima. Inazengereza pang'ono, kenako inayamba kukwera. Wamtali analumpha mpaka kugwetsa mpando.

Nditaweruka ndinathamangira kuholo. Zokuzira mawu zinali chete, anthu akuimba pakamwa, thukuta lili kamukamu. Amayi anandichingamira pakhomo, manja ali m'chiuno.

"Ndiwe wazimitsa?"

"Ndine, Amayi. Zikanapanda kutero, dziko lonse likanazima."

Asanandikalipire, mkwatibwi anatulukira atakwinya diresi m'manja, foni ili kukhutu, akulira.

"Alamu," anatero, "kuno kutazima ndinaimba kuchipatala ndili ndi mantha. Akuti kumeneko magetsi sanaphethire n'komwe. Bambo akupuma, ndipo akufunsa ngati tadula keke."

Amayi anandigwira dzanja, kundikokera pakati pa holo, n'kulikweza m'mwamba.

"Tamverani nonse! Mwakhala mukutukwana wozimitsa magetsi, inenso ndatukwana nawo. Ndi uyu! Ndinabereka ndine!"

Nthungululu zomwe zinalira pamenepo sizinafune chokuzira mawu.