Kathovu Sanakhute

Ine sukulu sindinapondeko, koma maso ndili nawo, ndipo m'nyumba ya mwana wanga ntchito yanga ndi kuyang'ana. Ndimawauza kuti mkaka uli pamoto saufulatira, khanda saligoneka pafupi ndi zenera, botolo salisiya losatseka. Amangoseka. Mkamwini wanga amanditcha alonda.

Khanda litabadwa, iye ndi mkazi wake anatha mlungu wathunthu pa foni akusaka dzina. Ankawerenga mokweza: ili akuti limatanthauza woyera ngati mkaka, ili akuti ndi la mwana wobadwa ng'ombe zikukamidwa. Mkamwini ankati kamwanako kamayamwa ngati thole, bola angokatcha Mkaka zithe. Ine ndinawachenjeza kuti dzina si malaya ongotola, ukaliitana pamabwera mwini wake. Sanandimve.

Tsiku limene anabwera kuchokera ku sikelo, mwana wanga anandionetsa khadi, ngakhale amadziwa kuti kwa ine zilembo ndi nyerere chabe.

"Amayi, tamulembetsa Kathovu. Ndi mphatso yanu imeneyo."

Ndinakhala pansi. Iye anapitiriza akumwetulira. Anati wakula akundiona ndikawiritsa mkaka ndikuyengula thovu la pamwamba, kulithira m'kakapu kobenthuka, kuika pazenera n'kunong'oneza dzinalo. Anati sanandimvepo ndikutchula chinthu china mokoma choncho, ine mayi wongokhalira kukalipa.

Chimene sindinamuuzepo n'chakuti iye si mwana wanga woyamba. Panali mkulu wake, kamtsikana kamene kankagona ndi thovu la mkaka pamilomo. Kathovu linali dzina lake. Kanakhala milungu isanu ndi umodzi. Katapita, mkaka wanga sunamve kuti mwini wake kulibe, unkangotuluka n'kunyowetsa bulauzi. Ndiye ndinayamba kumupatsa gawo lake m'kakapu. Zaka makumi atatu ndi zisanu ndakhala ndikutero. Pofika masana kakapu kankakhala kouma, ine n'kumadziuza kuti ndi dzuwa.

Tsiku la khadilo sindinaulule. Ndinaopa kuti anditenga ngati nkhalamba yosokonezeka mutu.

Mawa lake kakapu sikanaume. Mkuja chimodzimodzi. Thovu linkangokhala momwemo mpaka kusasa, ntchentche n'kumazungulira.

Mwana wanga ndi telala, ndipo patapita miyezi iwiri anabwerera kumashini. M'mawa uliwonse ankafinyira mkaka wake m'mabotolo atatu n'kundisiyira m'firiji. Manambala a pabotolo sindiwadziwa, choncho ndinkamanga ulusi pamene mkaka walekeza. Ndikapita kukayanika matewera n'kubwerako, mkaka unali pansi pa ulusi ndi zala ziwiri. Zotsekera zili chimangire. M'nyumba muli ine ndi khanda basi.

Loweruka lina masana, dzuwa lili phwee, ndinakhala moyang'anizana ndi mwana wanga akuyamwitsa. Khanda linali kubere lamanja. Ndinatchera khutu ndipo ndinamva kumeza kuwiri, kwina kotsatira kunzake. Bere lamanzere linkaphwa pang'onopang'ono pansi pa nsalu, koma nsaluyo osanyowa. Mwana wanga anangoti masiku ano mbali imeneyo ikumazizira.

Ku sikelo khanda linatsika kawiri motsatizana. Anamwino anati likatsikanso aligoneka m'chipatala, ndipo anafunsa ngati agogo akumalipatsadi mabotolo onse. Mkamwini anandiyang'ana, nthabwala za alonda zitamuthera. Timanja ta mdzukulu wanga tinali titasanduka timitengo, liwombo litalowa.

Titafika kunyumba ndinaulula zonse, nditaima pafupi ndi zenera. Mwana wanga anayang'ana kakapu.

"Ndiye zaka zonsezi mkulu wanga ali pazenera, inu osandiuza?"

Ndinati ndinkaopa. Anati ine ndimaopa chilichonse, mpaka chitseko chikalira, koma chinthu chimodzi chofunika kuchenjeza ndinachimeza. Sananame.

Mkamwini anati iye za mizimu sakhulupirira, komabe dzinalo akalisintha mawa lomwelo. Ine ndinadziwa kuti sizikwanira. Wapazenera uja tinali titamuitana tokha miyezi itatu, m'mawa ndi madzulo, n'kumuonetsa bere lofunda. Mwana amene walawa zimenezo sabwerera ku kapu.

Ndinawauza kuti atenge khanda akayende pang'ono mumsewu. Atatuluka ndinatseka chitseko cha kukhitchini, n'kukhala pa kampando. Ndinamasula mabatani a bulauzi. Mawere anga ndi matumba opanda kanthu, anauma iye telalayo asanayambe sukulu.

"Kathovu," ndinaitana monga ndinkaitanira kale. "Uwo ndi wa mwana wa mng'ono wako, usiye. Amako ndine. Bwera kuno."

Firiji inasiya kulira. Katani wa pazenera anagwedezeka, zenera lili lotseka. Kenako ndinamva kulemera pamiyendo, kochepa ngati mphaka, ndi kakamwa kozizira. Sindinayang'ane pansi. Dzanja langa linapita lokha kukachirikiza mutu.

Papita miyezi inayi. Mdzukulu wanga ali ndi dzina lina, lochokera pa foni, ndipo sindifunsa tanthauzo lake. Masaya adzaza, anamwino akuti mzere wa pakhadi ukukwera. Mkaka wa m'mabotolo umakhala pa ulusi pomwepo.

Ulusi wina ndinaumanga pamkono wanga. Lolemba lililonse umakhala utakhwepa, ndipo ndimaumanganso mothina. Mwana wanga amandipakulira mbale yodzaza, amaima pomwepo mpaka nditamaliza, koma maso ake amapita pamkonopo.

Ndamuuza kale zoti achite ine ndikapita. Kakapu asakataye. Dzina lija asalitchule m'nyumba muno, ngakhale polira. Ndipo akadzamva kumeza kuwiri, asadikire miyezi itatu ngati ine.