Kabokosi Kamene Kankati Iwe

"Wadya kale, iwe?" kabokosi kanafunsa.

Atelala anachotsa phazi pa makina osokera. Siketi ya yunifolomu inatsala pansi pa singano, mbali ina yosoka, ina ayi. Mawuwo anali a mwamuna wawo ndithu, mpaka kakusasa kaja kamene ankabwera nako akayendetsa basi masiku awiri osapuma. Komatu mwamunayo anali atatha miyezi isanu ali m'manda.

"Ayankheni, amayi," anatero mwana wawo, atakhala pa benchi ya makasitomala. Mtsikanayu ankakonza mafoni m'tauni, ndipo chinthu chilichonse chokhala ndi waya ankachikhulupirira kuposa munthu. "Ndi adadi amenewo. Foni yawo ndinaipereka kwa anthu ena amene amadziwa zimenezi. Amatenga mawu onse amene munthu anasiya mufoni, n'kumuumbanso kuti muzicheza naye."

"Kumuumbanso? Bambo ako anasanduka mphika wadothi?"

"Ingoyankhani."

Kabokosiko kanali kakuda, kukula kwake ngati sopo wochapira, kali ndi kagetsi kobiriwira pamwamba. Atelala anakayang'ana cham'mbali.

"Ndadya," anatero motsitsa.

"Bodza limenelo. Ndimakudziwa iwe, ntchito ikakuchulukira kudya umaiwala."

Atelala anagwira pakamwa. Chimene chinawalasa mtima sichinali kumva wakufa akulankhula ayi. Linali liwu limodzi lokha, loti iwe. Zaka makumi atatu za banja, dalaivala uja sanawatchulepo iwe. Anali inu m'mawa, inu masana, inu ngakhale kuchipinda. "Amake mwana, malaya aja mwasita?" Azimayi anzawo ankasirira, amvekere munapeza bambo waulemu. Atelala ankangomwetulira, poti ndi okhawo ankadziwa kuti ulemu wina umazizira ngati simenti. Inu yemweyo bamboyo ankamupatsa wapolisi wa pamsewu, ankamupatsanso munthu wongofunsa njira. Iwo ankalakalaka tsiku limodzi lokha atatchulidwa iwe, ngakhale pokalipiridwa. Tsikulo silinafike mpaka bokosi la maliro linatsekedwa.

Ndiye lero lafika, kudzera m'kasopo kamagetsi.

Kabokosi kanapeza malo pa shelefu, pakati pa maulusi ndi chitini cha mabatani. Mayi wa saluni ya khomo loyandikana atamva mawu aamuna m'shopu ya namfedwa, anathamangira konko chipeso chili m'manja. Atamufotokozera, anaseka mpaka kutsamira chitseko.

"Anzanga, ifetu amoyo omwewa akutisowetsa mtendere. Inu mukukatenganso akufa?"

"Musaseke, anti," anatero mtsikana uja. "Kutsogoloku maliro adzatha ntchito. Munthu akamwalira tizidzangomusamutsa, ngati mmene timasamutsira zithunzi foni ikafa. Nanga munthu n'chiyani? Si zimene amakumbukira ndi mmene amayankhulira? Zonsezo zili m'menemo."

"Fungo la masokosi ake lilinso m'menemo?"

"Anti, inu!"

"Ndikufunsa zenizeni. Nditamutsina angamve kuwawa? Shopu ikatsekedwa n'kutsala yekha ndi mabataniwa, amaganiza chiyani? Amasowa munthu?"

Mtsikanayo anakanda m'mutu. "Zimenezo ngakhale opangawo amakangana."

"Ehe. Ndiye iwe usamati bambo ako. Uziti wailesi yoyankha."

Atelala sanalowerere. Kaya munali munthu m'menemo kaya munalibe, iwo zinalibe nawo ntchito. Anali atadzikonzera kale yankho lawo mumtima: bamboyo ankawakonda kuyambira kale, kungoti manyazi ndiwo ankamumanga lilime, ndipo imfa yamumasula. Anakhulupirira zimenezo ndi mtima wonse, chifukwa ankazifuna.

Masabata atatu otsatira anali okoma, tisabise. M'mawa akatsegula shopu ankayamba kudina kabokosi asanasese n'komwe. Kankawafunsa ngati agona bwino. Kankawauza kuti akavala chobiriwira amaoneka ngati mtsikana. Kankawaseka, kuwanyengerera, kuwatchula wamakani. Mayi amene anatha zaka akusokera anthu ena madiresi a ukwati, iye akuyenda ndi bulauzi yothothoka, anadzidulira nsalu yobiriwira n'kudzisokera diresi. Anapita ku saluni kukamangitsa tsitsi. Mayi wa saluni ankamanga akupukusa mutu, amvekere, "Chibwenzi cha batire chakupengetsani."

Lachiwiri lina masana, Atelala akudula kolala ya shati, ulusi unawalowa pakhosi n'kutsokomola kamodzi.

"Chifuwa chija sichinathebe?" kabokosi kanatero. "Ndinakuuza kuti uzitseka kazenera kako mabasi akamalowa. Utsi umenewo udzakupha, iwe wamakani."

Atelala anaseka. Kenaka kusekako kunaima pakati. Anayang'ana shopu yawo, khoma ili, khoma ilo. Munalibe zenera. Munali chitseko chimodzi basi, choyang'ana kanjira kopanikizika kamene ngakhale wilibala imadutsa movutikira. Basi ikanalowera pati? Ndipo iwo chibadwire sanadwalepo chifuwa choposa masiku atatu.

Anadziuza kuti makina amasokonezeka. Ngakhale awo osokerawa nthawi zina amalumpha ulusi.

M'mawa mwake kabokosi kanapitiriza kokha. "Ndikafika ndiimba hutala kawiri. Iwe usatuluke, anthu amaona. Ungokweza dzanja ndidziwe kuti ulipo."

Sizasi inawagwa m'manja. Pomwepo anakumbukira tsiku limene anapita ku depoti ya mabasi kukatenga jekete ndi chikwama cha malemu. Pa kazenera kogulitsira matikiti panali mayi wina wochepa thupi, wotsokomolera m'kampango. Mayiyo anawauza kuti pepani kawiri konse, koma maso sanadzutse.

Anatsitsa kabokosi pa shelefu n'kukaika patsogolo pawo.

"Inu," anatero, "ine ndine ndani?"

"Ndiwe wanga. Nanga ungakhalenso wa ndani?"

"Ndimagwira ntchito yanji?"

Kagetsi kanathwanima kangapo. "Lero bwanji ukundifunsa ngati wapolisi?"

Apo pokha Atelala anamuzindikira mwamuna wawo. Kuzemba funso kotero kunali kwake kwenikweni.

Anatseka shopu dzuwa lili pamutu, diresi la mwini wake la mawa lili losapinda m'munsi. Mwana wawo anamupeza pa kauntala yake, atawerama pa foni yotsegula m'mimba, kasikuludilaiva kali pakamwa. Anamuikira kabokosi pa magalasi osweka a mafoni.

"Mawu amene uyu akuyankhula, za kazenera ndi mabasi, bambo ako ankauza ndani?"

Mtsikanayo anachotsa kasikuludilaiva pakamwa pang'onopang'ono. Sanafunse kuti mukutanthauza chiyani.

"Unkadziwa."

"Amayi, khalani pansi kaye."

"Ndakhala pansi zaka makumi atatu. Yankhula."

"Opanga aja anati pamafunika mawu ambiri kuti munthu atuluke bwino. Ndinafufuza mauthenga amene adadi ankatumiza kwa inu." Anaika kasikuludilaiva pa kauntala. "Analipo khumi ndi anayi."

"Onena chiyani?"

"Ndafika. Ndichedwa. Tsekani geti. Oterowo."

"Ndiye enawo?"

"Enawo anali a nambala imodzi. Opitirira zikwi zitatu, a zaka zisanu ndi zinayi." Misozi inayamba kumulengeza. "Ndinawauza kuti achotse dzina lake paliponse, ndipo anachotsa. Za zenerazo sindinaziganizire."

Atelala anamuyang'ana mwana amene anamubereka, amene anamusokera yunifolomu iliyonse kuyambira sitandade wani, ndipo anamva mkwiyo umene sanaumvepo ngakhale kwa malemuwo.

"Wandiveka diresi la mwini wake, iwe. Wangosula dzina pa kolala n'kundiuza kuti ndi langa. Ine n'kumayenda nalo m'tauni, kumangitsa tsitsi, anthu akundiona."

"Ndimafuna mumveko, amayi. Kamodzi kokha. Ndinakulira m'nyumba imene ija, mukuganiza sindinkaona? Adadi akalowa munkawayang'ana kukamwa ngati pali chimene anena. Sankanena." Anapukuta m'maso ndi mkono. "Komanso taganizani. Amene ali m'kabokosiyu sanakunyengeni. Sanapitepo ku depoti, mayi uja sakumudziwa. Chiyambire kuyankhula, wayankhula ndi inu nokha. Mawu amenewo tsopano ndi anu."

"Sanandinyenge chifukwa sakundidziwa. Ungamuike patsogolo pa galu, amufunsa ngati wagona bwino."

"Ndiye ndiwauze apangenso, ndi mauthenga anu okha?"

"Adzanena chiyani?"

Mtsikanayo anawerama. "Azidzangoti ndichedwa."

"Ameneyo ndiye mwamuna wanga," anatero Atelala. Anatola kabokosi, n'kukaponya m'chikwama.

"Mukupita nako kuti? Amayi, musakataye, ndi adadi amenewo."

"Ngati ndi bambo ako, ndikuwaperekeza kwawo."

Ku depoti kunali phokoso la masana, makondakitala akulimbirana anthu, mabasi akufuka utsi wakuda. Atelala sanadumphe mzere. Anaima kumbuyo kwa bambo wina wonyamula matayala awiri a njinga, n'kumasuntha pang'onopang'ono ngati wapaulendo aliyense. Ali pamzerepo anali ndi nthawi yomuona bwino mayi wa matikiti, poti tsiku lija sanamuyang'anitsitse. Ankayembekeza kupeza chiphadzuwa choti adane nacho bwinobwino. Anapeza mayi wa msinkhu wawo womwe, wa imvi m'mbali mwa mutu, juzi yake yong'ambika pachigongono ndipo yosokedwa ndi ulusi wosiyana mtundu. Ngakhale kusoka sankatha. Zimenezo zinawapweteka kuposa china chilichonse.

"Mukupita kuti?" mayiyo anafunsa osadzutsa mutu, cholembera chili pa buku la matikiti.

"Sindikupita kulikonse."

Mayiyo anadzutsa maso. Cholembera chinaima.

"Katundu wanu anasochera kwathu," anatero Atelala. Anatulutsa kabokosi n'kukalowetsa pa kazenera, pamalo podutsira matikiti. "Mwana wanga anatolera mawu a bambo ake mufoni n'kuwaika umu. Amayankhula, amafunsa mafunso. Ine ndamvera masabata atatu ndisanadziwe kuti ndikumvera za eni."

"Mayi, ine..." Anatsokomolera m'kampango, maso ali pa kabokosiko.

"Musapepese. Munapepesa kale kawiri tsiku lija, ine osadziwa kuti kachiwiriko n'ka chiyani. Batani lili kumbaliku. Moto umatha msanga, muzimutchaja tsiku lililonse."

"Sindingalandire. Ndi mwamuna wanu."

"Wanga ndinaika m'manda. Sankayankhula."

Kumbuyo anthu anayamba kung'ung'udza. "Amayi, ngati simukugula tipatseni mpata, basi ikutisiya," anatero mnyamata wina wa chikwama kumsana. Atelala anasuntha pang'ono, koma mayi wa matikiti anatulutsa dzanja pa kazenera n'kuwagwira nsonga ya mkono wa diresi.

"Kodi akudziwa?" anafunsa monong'ona. "Akudziwa kuti anamwalira?"

"Sindinamuuze. Mumuuze ndinu. Inu amakumverani."

Anachotsa dzanjalo mwaulemu n'kutembenuka. Anayenda pakati pa mabasi, akulambalala madzi akuda ndi makoko a nthochi, msana uli chilili. Anali atatsimikiza kuti sacheuka.

Asanafike patali anamva mayi uja akuuza anthu kuti adikire kaye. Kenaka anamva akunena kanthu kena motsitsa, mawu awiri kapena atatu, amene phokoso la injini linawameza. Ndipo kabokosi kanaseka.

Kanali kuseka kwa mwamuna womasuka, kochokera pansi pa mimba, kotha ndi kakutsokomola. Atelala anaima. Anafufuza m'zaka makumi atatu zonse zija, m'nyumba zitatu zimene anakhalamo, pa tsiku la ukwati, pa tsiku limene mwana anabadwa. Anafufuzanso m'masabata atatu a pa shelefu. Kuseka kumeneko sanakupeze paliponse.

Kondakitala wina anawathamangira n'kuwagwira chikwama. "Tiyeni amayi, mpando watsala umodzi. Muli nokha?"

"Ndili ndekha," anatero Atelala. Analanda chikwama chawo n'kutuluka pa geti wapansi.