Malemu Anachotsedwa Ntchito Chifukwa Chojomba

Pasukulu pathu tinalipo asanu amene ankatitchula kuti othandiza: ine wophikira ana, alonda awiri, bambo wotchetcha udzu, ndi mayi wosesa amene ana anamupatsa dzina loti Mayi Tsache. Boma silinkatidziwa. Inatilemba ntchito ndi komiti ya makolo, pakamwa pokha, ndipo ikatopa nawe inkakuchotsanso pakamwa pomwepo. Chosonyeza kuti tilipo padziko lino chinali chimodzi: buku lakuda la pageti, limene tinkasainamo m'mawa uliwonse.

Chaka chatha khoti linagamula kuti aliyense amene wathandiza pasukulu ya boma zaka khumi zosadukiza ali ndi ufulu wolembedwa ntchito yokhazikika, ya penshoni ndi tchuthi. Loya wa bungwe la ogwira ntchito, mtsikana woonda wolankhula mothamanga, anadzatisonkhanitsa kuseri kwa khitchini.

"Umboni wanu ndi buku lija," anatero. "Masaini akakwana zaka khumi, ntchito ndi yanu."

Ine ndinalulutira mpaka aphunzitsi kusuzumira pawindo. Mayi Tsache yekha anangokhala pachidebe, akuyang'ana zala zake.

Chomwe chinamusowetsa mtendere tonse tinkachidziwa. Amene komiti inamulemba ntchito yosesa anali mwamuna wake. Bamboyo atagwidwa ndi chifuwa, mkaziyo anayamba kubwera m'malo mwake, ndipo ahedi a nthawi imeneyo, munthu wachisoni, anamuuza kuti azisaina dzina la mwamuna wake kuti akomiti asaikepo m'bale wawo. Bamboyo atamwalira, mayiyo anangopitiriza. Ana atatu ankadya dzina limenelo, ndiye akanalisiya bwanji? Fodya wako ndi amene ali pamphuno. Zaka zoposa khumi ndi zitatu anasesa makalasi khumi ndi anayi ndi kukwecha zimbudzi zimene ine sindingalowemo ngakhale atandikoka ndi chingwe, koma dzina lake silinalembedwepo ngakhale tsiku limodzi.

Tsiku lokaonetsa umboni anatikhazika pabenchi mukhonde la ofesi ya maphunziro, chitseko chili pululu. Mayi Tsache analowa pomaliza, atavala bulauzi yake yoyera. Mkulu wa ofesiyo anatembenuza masamba a mabuku athu akunyowetsa chala ndi malovu.

"Mayi, dzina lanu mulibe muno."

"Dzina mulibe, bwana, koma dzanja ndi langa. Onani mmene ndimapindira chilembo chomalizacho. Amuna anga sankachipinda choncho."

"Nanga iwowo ali kuti?"

"Anatisiya kalekale."

Mkuluyo anavula magalasi. Sanali munthu wankhanza, ndipo zimenezo ndi zomwe zimandipweteka mpaka lero.

"Ine sindinamve zimenezo, mayi. Ndikazilemba, ndiye kuti mwakhala mukusainira munthu wakufa, ndipo umenewo ndi mlandu. Bukuli likhalanso lachinyengo, anzanu anayi aja umboni wawo uthera pomwepo. Ndilembe?"

Loya uja anayesa zake, ndisamunamizire. Anati lamulo limalola mboni, ndipo anthu awiri atalumbira kuti amamuona mayiyu akusesa tsiku ndi tsiku, nkhaniyo ikhoza kubwerera kukhoti. Koma anaonjezera kuti mwina itenga zaka zitatu, ndipo makalata athu ayamba aima kaye. Anatulukira pakhomo n'kutiyang'ana pabenchi paja.

Alonda anayang'ana nsapato zawo. Wotchetcha udzu anatsokomola. Ine, amene ndinadyera naye mbale imodzi zaka zonsezi, amene anandigonera kuchipatala mwana wanga atapsa ndi madzi otentha, sindinaimirire. Ndinali ndi mantha, ndipo manyazi ake sanandichokebe.

Anatipulumutsa ndi mwini wake. Anatuluka, n'kundigwira paphewa.

"Khalani chete, asisi. Buku likafa mwafa nonse." Kenaka anatembenukira mkati. "Musalembe, bwana. Ndinasokoneza."

Patatha miyezi iwiri ahedi atsopano anatiitanira muofesi mwawo. Patebulo panali maenvulopu asanu. Anagawa anayi, lachisanu n'kulitembenuza kawiri asanalipereke kwa Mayi Tsache. Kalatayo inkayamikira mwamuna wake chifukwa chogwira ntchito mokhulupirika, n'kumudziwitsa kuti boma lamulemba ntchito yokhazikika. Inati ayambe Lolemba, ndipo abwere ndi kalata ya dokotala yotsimikiza kuti ali ndi thanzi labwino.

Mayiyo anaseka. Sindinamvepo kuseka koipa ngati kumeneko.

Lolemba pageti panali buku latsopano la boma, mayina olembedwa kale ndi makina. Dzina la malemu linali pamzere wachisanu. Mayi Tsache anatola cholembera monga mwa masiku onse, dzanja n'kuima m'malere.

"Ndisaine, achimwene?" mayiyo anamufunsa mlonda.

"Ili ndi la boma, mlamu. Mukasaina akumangani."

Anabweza cholemberacho, n'kukatenga tsache lake kuseri kwa chitseko. Anasesa tsiku limenelo, anasesanso mawa lake, milungu iwiri yathunthu, mzere wachisanu uli mbee. Komiti inali itauzidwa kuti isasungenso othandiza ake, choncho panalibe amene ankamuwerengera masikuwo.

Lachisanu lachiwiri kunabwera kalata ina, pamodzi ndi mayi wachilendo wonyamula ovolosi yatsopano m'pepala. Ahedi anachita kundipempha ine kuti ndikamuwerengere, iwo mtima unawakanika. Ndinamupeza kuzimbudzi za atsikana, atagwada, manja ali m'madzi a sopo. Kalatayo inati mwamuna wake wachotsedwa ntchito chifukwa chojomba masiku khumi popanda chifukwa, ndipo malo ake apatsidwa kwa wina.

Anamvetsera mpaka kumapeto. Anafinya chikolopa, n'kuchiyanika bwinobwino pawaya, n'kundipatsa makiyi kuti ndikapereke kwa mlendoyo.

"Mumuuze kuti loko wa kalasi yachitatu amafuna kukankha chitseko ndi bondo." Anapukuta manja m'chiuno. "Koma awanamizira, asisi. Zaka khumi ndi zitatu chimwalirireni, bambo aja sanajombepo ngakhale tsiku limodzi."